Makaseti a ku Joni

Maryhill, Glasgow
9 Febuluwale 2024

Ndapile mlongo wanga,

Clifton Tadeyo, mng'ono wanga wa bere limodzi, ndiye anandibera amayi. Ndayamba ndi dzina lake kuti usanene kuti ukalamba wandisokoneza mutu. Moni ndi uyu tsopano: uli bwanji kumeneko? Bondo lija likukulola kupita kudimba? Mvula ikugwa bwanji ku Lizulu? Kuno imagwa tsiku ndi tsiku popanda wobzala kanthu.

Usadabwe kuti ndikulemba pamanja ngati kale. Pakhosi panga pafika poti ndikaimba foni anthu amangoti halo, halo. Mwana wanga Nelia akuti ndizikutumizira mawu ojambula pa foni. Ndakana. Ine mawu ojambulidwa sindiwakhulupirira, ndipo chifukwa chake ukuchidziwa. Ndiye iye azingojambula pepalali n'kukutumizira chithunzi. Zilembo zikapindika, kumbuka kuti sukulu ndinalekezera Sitandade 4.

Lolemba Nelia anapita nane kuchipatala kumene amagwira unamwino. Tili pa benchi kudikira dokotala, wailesi ya kanema ya pakhoma inkaonetsa zidole za ana. Panatulukira njiri yokalamba, yovala chipewa, yodandaula ndi chilichonse. Njiriyo inatsonya kawiri, n'kukoka mawu kuchokera pansi pa chifuwa. Ndapile! Anali mawu anga. Osati awa a chitini chobooka ndili nawo lero, koma aja ndinapita nawo ku Joni. Chingerezi chokha ndiye chinali chachilendo. Nelia anayang'ana pa foni nati, "Adadi, amenewa ndi bambo aang'ono a ku Canada. Njiri imeneyi akhala akuiyankhulira zaka khumi ndi zisanu." Ananena monyadira, ngati kukhala njiri ndi udindo wa m'boma.

Ndiye taona. Ine madokotala akukambirana zondichotsa kholingo chifukwa cha khansa, pomwe mawu anga ali moyo ku Canada, akudyetsa munthu, ali m'kamwa mwa nyama ya mano otuluka kunja.

Ndikukumbutse, poti inu nonse mumaiwala msanga. Ndinapita kumigodi mu 1977, ndinabwera mu 1984. Ndinapeza amayi maso atafa. Ndinagwada pakhonde, ndinati, "Amayi, ndabwera, ndine Zangaphee." Anapendeketsa mutu nati, "Nenaninso." Ndinanenanso, fumbi la mgodi likukhwekhwereza pakhosi. Anati, "Pepani bambo, mwasochera khomo. Mwana wanga mawu ake ndimawadziwa. Clifton, tawaikira kaseti amve." Ndipo Clifton, wopanda manyazi, anadina batani. Ndili chogwada pomwepo, ndinadzimva ndekha ndikulonjera amayi kuchokera ku Joni, ndikuimba nyimbo ya m'buku imene sindinaiphunzirepo. Makaseti khumi ndi awiri, onse woyankhula ali Clifton. Amayi anakhala miyezi isanu akunditcha "alendo aja", mpaka anamwalira. Liwu limodzi la Clifton likanakonza zonse. Sanalitulutse.

Lamulungu kutchalitchi a Gwanda, mkulu wa mpingo, analengeza kuti mwana wa kwathu wotchuka ku Canada akubwera ndi sewero lake ku Glasgow mu Meyi, tonse tikamuchemerere. Anthu anaomba m'manja n'kumandicheukira. Undiuze zimene ukudziwa. Sewerolo ndi la chiyani?

Ndine mlongo wako,
Zangaphee


Lizulu
1 Malichi 2024

Achimwene,

Ndachedwa kuyankha chifukwa foni inagwera m'ndowa, ndiye yakhala mu mpunga masabata awiri. Ife tilipo. Bondo likadali langa. Mvula yadula pakati, chimanga chikuoneka ngati anyezi. Za pakhosi panu zandisowetsa mtendere. Muzimvera madokotala, musamawatsonye.

Kalata yanu ndawerenga kawiri. Nkhani mwaifotokoza bwino, koma mwadumpha monga munkadumphira mizere popalira. Mwalemba kuti munapita mu 1977, munabwera mu 1984. Nanga pakatipo? Zaka zisanu ndi ziwiri, achimwene, popanda ngakhale kalata ya mizere iwiri. Anzanu a Goodwill ankatumiza kaseti Khirisimasi iliyonse, mayi awo n'kumaitana anthu kudzamvera. Amayi ankapita nawo atagwira phewa langa, pobwerera n'kumafunsa kuti, "Kodi wathuyu mgodi wake ulibe positi?" Kenako analeka kudya.

Tsono poti mwakalamba, inenso ndakalamba, imvani. Nzeru ya makaseti sinali ya Clifton. Inali yanga. Iye anali ndi luso lokha lija lotsanzira aliyense, abusa, mbuzi, wogulitsa nsomba. Ndine ndinakabwereka wailesi ya kaseti kwa aphunzitsi ku Mlanda. Tinkajambulira kudambo, iye akuyankhula ngati inu, ine ndikumenya khasu pamwala kuti amayi azimva ngati kumgodi. Tikatha ndinkaika kasetiyo mu envelopu, n'kuzungulira njira ya kumsika kuti ndifike ngati ndachokera ku positi. Amayi anayambanso kudya. Ngati pali wakuba, akuba tilipo awiri, ndipo mmodziyo mwakhala mukumutumizira majuzi zaka zonsezi.

Tsiku munabwera lija tinkafuna kuulula. Koma inu munayamba mwagona masiku awiri pamsika, munafika pakhomo mowa uli patsogolo, inu pambuyo. Clifton anachita mantha. Inenso ndinachita mantha. Pofika mawa lake bodza linali litamera mizu.

Chinanso. Tsiku lina mvula inatiletsa kupita kudambo, tinajambulira kuseri kwa nkhokwe, tambala wathu n'kulira pakati pa moni wanu. Amayi atamva anati, "Ku Joni kulinso tambala wolira ngati wathu." Anaseka, n'kuti tibwezere amvenso. Ine mpaka lero sindidziwa chimene ankadziwa.

Za sewero Clifton akuti akulemberani yekha. Keyala ndamupatsa ndine. Musaing'ambe musanawerenge.

Mlongo wanu,
Ndapile


Winnipeg, Canada
18 Malichi 2024

Achimwene anga,

Muli bwanji? Chichewa changa chachita dzimbiri, mundikhululukire pomwe chapunthwa. Achemwali andiuza za matenda anu. Mundiuze zimene madokotala anena, kapena Nelia andiuze.

Papita zaka makumi atatu ndi zisanu chichokereni kwathu ndipo simunandifunsepo zimene ndimachita, ndiye ndinena ndekha. Gulu lathu la zisudzo litabwera kuno mu 1989, anzanga anabwerera, ine ndinatsala. Ndinatsuka mbale zaka zinayi. Pa siteji sankandifuna. Ena ankati ndine wamfupi, ena ankati nkhope yanga siikugwirizana ndi nkhani zawo. Koma pa wailesi nkhope saiona. Ndakhala woyendetsa sitima, mfiti, chimbalangondo, ngakhale botolo la mankhwala a chifuwa. Tsiku lina ankafuna mawu a njiri. Ndinayesa mawu asanu, onse anawakana. Nditatopa ndinangotsonya kawiri monga mumachitira inu. Onse anadzuka pamipando. Njiri imeneyo ana a m'mayiko ambiri amaikonda, achimwene. Ndikanakonda mukanaona kuti ndi ulemu.

Masewero ndalemba asanu ndi limodzi, ndipo ili mwina ndi lomaliza. Ndimasewera ndekha anthu onse anayi: amayi, inu, achemwali ndi ine. Ku Toronto anthu analira mpaka mipango kuchepa. Za makaseti sindinabise. Ndipo kumapeto ndakonza chimene chinalakwika pakhonde paja. Zaka zonsezi chakhala chikundidya m'kati. Ndikufuna mudzaone ndi maso anu.

Ndaikamo matikiti awiri, mzere wachitatu, Loweruka pa 11 Meyi, 2 koloko masana. Chonde mubwere.

Mng'ono wanu,
Clifton


Maryhill
6 Epulo 2024

Ndapile,

Moni. Za khasu ndamva. Tidzakambirana, sindinakukhululukire, koma juzi ina ikubwera ndi a Mable a kutchalitchi kwathu mwezi wamawa poti ndinali nditagula kale. Za tambala usandiuzenso. Amayi sanali munthu wosewera ndi mwana wake miyezi isanu.

Wakuba wamkulu walemba. Akuti kumapeto wakonza. Ndiye kuti akaulula, Ndapile! Pamaso pa Asikotchi, pamaso pa a Gwanda ndi mpingo wonse, akagwada n'kuuza amayi zoona. Zaka makumi anayi ndadikira. Suti ndapereka kochapa. Nelia ndamuuza apemphe tchuthi tsiku limenelo, odwala ake adikire.

Zangaphee


Maryhill
13 Meyi 2024

Ndapile,

Moni ndilibe wambiri. Khala pansi uwerenge.

Tinapita pa basi, ine, Nelia ndi theka la mpingo, amayi a chigwirizano atavala zitenje pamwamba pa majekete. Nyumba ya masewero ili kutsidya kwa mtsinje, kufupi ndi Gorbals. Munadzaza. Pa siteji panali mphasa, khasu, mwala ndi wailesi ya kaseti, basi.

Clifton anatulukira. Wakalamba, dazi lafika pankhongo, mimba yatsogola. Koma atakhala pamphasa n'kupendeketsa mutu, Ndapile, anali amayi. Mpaka kachala kaja ankakanda nako bondo akamamvetsera. Ndinatsala pang'ono kugwada pakati pa mipando. Luso ali nalo, Satana nayenso anali mngelo.

Iwe wakuika bwino, ukumenya khasu, anthu akuseka. Iye wadziika kamwana kosalakwa konjenjemera. Ine wandiika ndikudzandira kuchokera pamsika, chipewa chili chammbali. Azungu anaseka mpaka kutsokomola. A Gwanda anaseka atatseka pakamwa ndi pulogalamu. Ndinapirira, ndinati seka lero, mapeto akubwera.

Mapeto anabwera. Ine wa pa siteji ndagwada, ndati ndabwera. Amayi ati, "Nenaninso." Ndanenanso. Ati, "Mwasochera khomo. Clifton, tawaikira kaseti." Chala cha Clifton chili pa batani. Nyumba yonse zii. Ndinagwira mkono wa Nelia, ndinati apa ndiye aulula. Ukudziwa chimene wachita? Amayi akweza dzanja nati, "Taima kaye. Bambo inu, sendezani mutu." Apapasa, apeza chipsera chija cha kuseri kwa khutu ndinagwa nacho mu mtengo wa mapichesi. Ati, "Ndiwe wanga." Akumbatirana. Batani silinadinidwe. Nyali zazima.

Kukonza kwake n'kumeneko. Sanaulule tchimo, walifufuta. Mlandu wanga wauthetsa pondipatsa amayi ena.

Ndinadzuka kuti ndikuwe kuti bodza. Ndinatsegula pakamwa, panatuluka mphepo yokha ngati chubu cha njinga. Ndinayesanso, misozi n'kutuluka chifukwa cha ululu wa pakhosi. Gogo wina wachisikotchi pambali panga anandipatsa kathishu ndi switi ya timbewu, n'kumandisisita pamsana. Anthu ataona nkhalamba yaimirira ikulira, nawonso anayamba kuimirira, mzere ndi mzere, mpaka nyumba yonse ili chilili kuomba m'manja. Woyambitsa ndinali ine, Ndapile. Clifton anandiloza, nyali inandipeza, anati uyo ndiye mkulu wanga weniweni. Amayi a chigwirizano analuluta.

Kuseri kwa siteji anandikumbatira, thukuta lake lonse pa suti yochapitsa.

"Mwaona, achimwene? Ndakubwezerani amayi."

Ndinamukokera khutu pafupi kuti amve. "Amayi ake ati? Amenewo ndi amayi a matikiti."

Anaseka ngati ndanena nthabwala. "Chipsera ndalondola? Kumanzere eti?"

"Chili kumanja."

"Aa, pa siteji kumanzere ndiye kumaoneka bwino."

"Unadina batani lija, Clifton."

Apa kuseka kunatha. Anati, "Ndikudziwa. Ndinayesa kulemba choncho. Anthu sankatha kupirira."

"Ine ndinapirira."

Asanayankhe a Gwanda analowa pakati, akuti tiime pamodzi tijambulitse, achimwene awiri onyaditsa dziko. Nelia akuti pachithunzipo ndikuoneka wosangalala. Ndi switi ija inali m'tsaya.

Zangaphee


Lizulu
22 Meyi 2024

Achimwene,

Mwadzuka bwanji? Chithunzi chinafika kuno kalata yanu isanafike. Chazungulira mafoni onse, abusa anachitchula pa ulaliki wa kukhululukirana. Ndiye musadabwe, kuno mwayanjana kale.

Ndaseka za switi, kenako ndalira. Clifton anaimba foni Lachisanu, anayankhula ola lathunthu, mawu ake enieni ndinachita kuwaiwala. Akuti munamuuza mawu awiri amene akumulepheretsa kusewera. Ku Edinburgh atafika pa batani anaima nthawi yaitali mpaka anthu anayesa waiwala.

Akubwera kuno mu Julaye kudzamanga chiliza cha amayi. Wandifunsa mawu olemba pamwala, ine ndati afunse mwana woyamba. Akuopa kukulemberani. Nelia wandiuza kuti opaleshoni ndi pa 4 Juni, ndipo ulendo wa ndege madokotala akuletsani. Achimwene, ngati pali chonena nenani tsopano. Zaka zisanu ndi ziwiri zina tilibe.

Ndapile


Maryhill
2 Juni 2024

Clifton,

Uli bwanji? Ndafunsa poti kalata imayamba choncho.

Mkuja Lachiwiri akundichotsa kholingo. Ndizipumira pa kabowo ka pakhosi. Dokotala akuti zikayenda bwino ndiona Khirisimasi, mwina iwiri. Amayankhula mwaulemu kwambiri, moti pofika kunyumba m'pamene umazindikira kuti wakuuza za imfa.

Kuchipatala kuli mayi wina wophunzitsa anthu kuyankhula. Anafuna kujambula mawu anga awaike m'makina, kuti ndikamalemba makinawo aziyankhula ngati ine. Anandipatsa ziganizo zoti ndiwerenge. Titafika pa chachitatu anazimitsa, akuti mawu otsala ndi ochepa. Kenako anafunsa ngati ndili ndi m'bale wamwamuna wa mawu ofanana ndi anga amene angabwereke. Nelia anayang'ana pansi, mapewa akugwedezeka. Ndakana. Sindidzapempha madzi akumwa ndi mawu a njiri.

Pali chimene sindinauzepo munthu, ndipo ukachiika m'sewero ndidzakudzukira. Mu 1979 ndinagula kaseti ku Joni. Ndinabwereka wailesi ya Goodwill, ndinadina batani, ndinati, "Amayi." Basi. Tepi inazungulira mpaka kutha, ine ndili duu. Ndikanati chiyani? Kuti ndimagona pa simenti, ndimalavula zakuda, Loweruka ndimamwa kuti ndisamve mantha a Lolemba? Ndinkadikira tsiku loti ndikhale ndi chabwino chonena. Iwe sunadikire, unangopeka. Zangaphee wako ankapemphera, ankaimba, ankakumbukira dzina la mbuzi iliyonse. Ndikanakhala amayi, inenso ndikanasankha iyeyo. Pa makaseti sindikukuimbanso mlandu, wolakwa ndi amene anasiya malo. Mlandu wako ndi batani.

Pamwala lembani dzina ndi zaka, zokwanira. Sewero lako pitiriza, chipsera chikhale kumene ukufuna. Njiri ndakupatsa. Kupepesa kwako sindikufuna, ndilibe poika.

Ndikufuna chinthu chimodzi ndisanafe. Chiliza chikauma, amisiri atapita, upite kumanda masana ndi Ndapile yekha. Popanda nyali, popanda matikiti, popanda wojambula. Ndapile adzandilembera, iye bodza analeka. Ukagwade kumutu. Ukayambe ndi mawu ako, ngati ukadali nawo. Ukanene kuti, "Amayi, makaseti aja ndinali ine Clifton. Mlendo uja anali mwana wanu." Ukatero utsonye kawiri, utenge mawu anga aja amawadziwa, undinenere kuti, "Amayi, ndabwera, ndine Zangaphee."

Usaonjezere nyimbo. Usakonze mapeto. Ukhale chogwada, udikire. Akati nenanso, unenenso.

Mkulu wako,
Zangaphee